Tsiku Limene Akapitawo Anazula Chinangwa cha Amayi

Pamene pali chigayo paja panali nandolo. Pamene amakhala atelala ndi makina awo panali mbatata. Sitolo ija ya khonde lalitali, imene mumagulako mchere ndi palafini, inakhala pa chinangwa cha amayi anga, inangokhalapo phwii ngati mlendo amene amuyalira mphasa. Ine ndikamadutsa pamenepo ndimakweza mwendo, ndimatsitsa mwendo, ndimakwezanso. Anthu amati agogowa miyendo yatha. Miyendo sinathe ayi. Ndimalumpha mizere.

Munda umenewo unali wa amayi, ndipo ukanadzakhala wanga, poti kwathu kuno munda umatsata mwana wamkazi. Mwana wamkazi ndinalipo ndekha, ndekhandekha ee, ngati dzira loyamba la msoti. Alongo anga awiri ankadziwa kale kuti iwo akadzakula adzapita kukalima kwa akazi awo. Ndiye ine ndikamapalira ndinkapalira ndi mtima wa mwini wake. Udzu wa m'munda umenewo ndinkauzula ndi mkwiyo.

Amayi anachokera kwa Apwitikizi ali kamtsikana. Anayenda wapansi, anawoloka mtsinje wa Ruo atagwira nsalu ya amayi awo, anadzapeza malo m'dziko la esiteti ya tiyi. Malo a esiteti sankakhalapo ulere. Panali thangata: mwamuna wa pakhomo azikamugwirira ntchito mzungu miyezi ya dzinja, miyezi yomweyo imene munda wake ukumulira. Abambo ankapita m'mawa belu likalira, ankabwera dzuwa litapendeka, manja akununkha masamba a tiyi. Munda unkatsala ndi amayi ndi ine. Ndiye ndikati munda wa amayi sikuti ndikuwakometsera. Abambo mundawo ankaudziwa ngati mmene munthu amadziwira tchalitchi cha eni ake. Amadziwa pamene chili.

Amayi sankadzala chinthu chimodzi. Apa chimanga, pambali pake nandolo, pansi pake nseula, maungu akuyenda okha kumene akufuna, mbatata kumunsi, kalongonda akukwera mitengo ya m'malire, ndipo chinangwa mizere mizere mpaka kukafika ku khwawa. Chinangwacho sichinali cha msinkhu umodzi. Mzere uwu cha chaka chino, mzere uwo cha chaka chatha, mzere winawo chimene amayi okha ankadziwa tsiku lake. Akakumba phata limodzi, ankadula mtengo wake n'kuubaya pomwepo, dothi lisanaume. Ukabwera mawa lake sukanadziwa kuti dzulo tinadya.

Choipa cha munda wathu chinali chimodzi. Unali wathyathyathya. Ku Thyolo kuno malo athyathyathya ndi ochepa, ndipo amene alipowo aliyense amawaona.

Chaka chimene ndinavinidwa, amuna akubwerako ku nkhondo ya azungu ndi majasi awo aatali, kunabwera anthu ndi unyolo ndi zikhomo zopaka laimu. Anayeza, anakhoma, anayeza, anakhoma. Chikhomo china anachikhoma pakati pa maungu, dzungu linachita kukula mochikumbatira. Tinamva kuti fakitale yakula, antchito achuluka, pakufunika komboni, ndiye kuti nyumba za antchito zondandana m'mizere, pakufunikanso msewu wa malole ndi sitolo. Zonsezo zinkafuna pathyathyathya.

Amene ankatiuza za mzungu anali akapitawo a mbali yathu, bambo wamfupi wa mimba yozungulira, wa kabudula wa khaki, wezulo ili pakhosi. Iwonso anawoloka Ruo yemweyo ali mwana, ndiye amayi ankawatchula kuti achimwene, iwo ankati achemwali, ngakhale chibale chawo chinali mtsinje wokhawo. Bambo ameneyu anali ndi vuto kunyumba. Anakwatira mkazi wa Chingoni amene ankaopa kalongonda. Tsono kalongonda ndi nyemba yofuna ulemu. Umayamba kumuwiritsa m'mawa, kutaya madzi, kuthira ena, kutaya, kuthira, mpaka madzulo, apo ayi azunguza mutu banja lonse. Mayi uja anakana, anati iye sangaphike chinthu chimene chikufuna kumupha. Ndiye akapitawo kalongonda ankadya kwathu.

Tsiku lina anabwera ndi mzungu wa esiteti, mzungu pa njinga yamoto, iwo akuthamanga pambuyo. Mabanja onse a pathyathyathyapo tinasonkhana. Mzunguyo Chinyanja ankayankhula, cha m'mphuno, ndipo aliyense kwa iye anali iwe, ngakhale nkhalamba ya imvi. Masiku amenewo boma linali litawauza eni maesiteti kuti munthu asamachotsedwe mbewu zake zili m'munda, chifukwa mitima ya anthu inali itayamba kutentha. Ndiye mzunguyo anaima n'kunena pamaso pa tonse kuti iye sathamangitsa munthu. Aliyense akolole zake zonse. Akatha kukolola, achoke.

Amayi anagwada, anatsokomola pang'ono.

"Achimwene, tawafunsani bwino abwanawo. Akuti zonse?"

Akapitawo anafunsa. Mzungu anati zonse.

"Ndikatha?"

"Mukatha, achemwali."

"Ndisanathe ayi?"

"Musanathe ayi. Alemba m'buku."

Amayi anawomba m'manja katatu, bwinobwino. Mzungu uja anasangalala, anaona kuti pali mayi mmodzi woyamika. Akapitawo anayang'ana amayi, anayang'ana mizere ya chinangwa, kenaka anayang'ana kumwamba ngati akufuna kudziwa za mvula.

Anzathu anakolola chimanga, anaphwasula nkhokwe, anasenza mitengo ya madenga, anakwera mapiri a kwa Changata. Ena analira, ena anatukwana. Ife tinakolola chimanga n'kukhala.

Abambo sizinawasangalatse. Iwo ndi amene ankaonana ndi mzungu tsiku ndi tsiku pa sikelo ya masamba. Anati, "Amake ana, anzathu akusankha malo abwino kumapiriko. Tikachedwa tikapeza miyala."

"Pitani mukasankhe."

"Ndipite ndekha?"

"Munabwera nokha."

Zinali zoona, anabweradi okha, ndi mkeka ndi nkhwangwa. Anatenga nkhwangwayo n'kupita kukawaza nkhuni zimene zinali zowaza kale.

Kunabwera akapitawo. "Achemwali, mwatha?"

"Nandolo, achimwene. Akuchita maluwa. Mukufuna ndikolole maluwa?"

Anapita. Chiperoni chinabwera, chinanyowetsa, chinapita. Tinathyola nandolo, tinamenya, tinapeta. Kunabweranso akapitawo.

"Achemwali, nandolo ndaona watha."

"Watha. Khalani pansi, kalongonda wapsa."

"Kudya ndidya, koma mzungu ndikamuuza chiyani?"

"Chinangwa."

"Chikhwima liti?"

"Chiti?"

Akapitawo anasamba m'manja.

Ine ndi amayi tinapeka kanyimbo kathu kolimira. Chimanga chatha ee, nandolo alipo. Nandolo watha ee, chinangwa chilipo. Chinangwa chilipo, chilipo, chilipo. Ikafika pa chinangwa nyimboyo sinkapitirira. Inkangozungulira pomwepo mpaka khasu litatopa.

Mzungu sanali chitsiru. Mvula itagwa anabwera kudzaona, anapeza tadzalanso chimanga pakati pa chinangwa. Anafiira makutu. Anati kudzala kwatsopano sanalole. Amayi anati chimangacho chamera chokha, ndipo iwonso chikuwadabwitsa kuti chamera m'mizere. Mzungu anatuma anthu, anachizula. Nthochi zathu za ku khwawa anadulitsa tsiku lomwelo, anati nthochi ndikuzidziwa, sizitha. Kuyambira pamenepo ufa tinkadalira phoso la abambo la ku esiteti. Nandolo tinkangomudula m'chiuno, ankaphukanso yekha. Koma pa chinangwa mzungu anakanika.

Anati, iwe mayi, ukudzala. Amayi anati sindikudzala bwana, ndikungobwezera mtengo pamalo pake, nanga ndiuponye kuti? Mzungu anatembenukira kwa akapitawo, anafunsa ngati chinangwa amachita nacho choncho. Akapitawo, nkhope ili gwa, anati amachita nacho choncho kuyambira kalekale. Ndipo sananame.

Ndiye panakhala mwambo. Pakapita miyezi ingapo mzungu ankabwera, ankaima m'mphepete mwa munda, ankati zula chimodzi ndione. Akapitawo ankalavulira m'manja, ankatangadza miyendo, ankagwira mtengo pansi penipeni, n'kukoka akubuula, hii! Phata linkatuluka ndi dothi lake, tizinangwa tili lendelende ngati zala za mwana. "Onani bwana, sichinakhwime." Ankadziwa mzere wozula. Mlimi mnzathu, nanga. Mzungu ankayang'ana tizalato, ankalemba m'buku, njinga inkalira n'kupita. Akapitawo ankatsala, poti m'manja munali kale mofunika kusamba.

Komboni inamangidwa ndithu. Inamangidwa kum'mawa kwathu, inamangidwa kumadzulo, inamangidwa kumtunda. Njerwa, malata, mpopi wa madzi pakati. Munda wa amayi unatsala pakati pa nyumba ngati chigamba pa malaya. Azimayi a m'komboni ankayanika matewera pa nandolo wathu. Nkhuku zawo zinkadya kwathu n'kukaikira kwawo. Amayi madzi a pa mpopi ankatunga ndithu. Anati mpopiwo uli pa munda wa anzawo anachoka aja, ndiye akuwatungira.

Pa mpopipo ndi pamene ankawagemula. Mayi wina wonenepa, mkazi wa wophikira mzungu, ankati, "Amayi a chinangwa, simukufuna nyumba ya malata? Mvula ikamagwa padenga pamachita kuimba."

Amayi ankati, "Pamaimba, ndamva. Nanga ikatha nyimboyo mumatafuna chiyani?"

Ine ndisaname, malatawo ndinkawasirira. Dzuwa likawawomba ankanyezimira mpaka maso kuwawa, ndipo atsikana a mmenemo mapazi awo anali osang'ambika. Miyezi ya masamba ambiri inenso ndinkapita kukathyola tiyi, dengu kumsana, zala zikuvina pamwamba pa mitengo. Ndikafika pamwamba pa phiri ndinkatembenuka. Malata, malata, malata, kenaka pakati pake kobiriwira bii. Ndinkati uko ndi kwanga, uko ndi kwanga, ndipo kusirira kunkatha mpaka mawa lake.

Msewu wa malole unabwera molunjika kuchokera ku fakitale, unafika pa munda wathu, unaima. Unadikira mwezi, unadikira miyezi iwiri. Amuna okumba msewuwo ankakhala pamthunzi wa nandolo, amayi akuwaotchera chinangwa. Kenaka msewu unakhota. Unazungulira chinangwa chonse ngati mkamwini wopewa apongozi panjira, n'kukalunjikanso kutsogolo. Anamangapo ndi kamlatho komwe pa khwawa.

Madzinja anayi anatipeza pomwepo. Ine ndinakwatiwa ndi mwamuna wosonkhezera moto ku fakitale, wa maso ofiira ndi utsi koma wosadziwa kukalipa. Anabwera kwathu chikamwini. Amayi anandiimika pakati pa munda, anandilozera kuchokera pa chulu mpaka ku khwawa, anati uku ndi kwako, ndikadzafa konse. Ndinavina pomwepo ndekha, popanda ng'oma, mbatata ndikuziponda.

Kenaka kunabwera chaka cha njala yaikulu ija. Mvula inayamba bwino, anthu anadzala, inaleka. Kumwamba kunangoti mbee. Kwathu kuno sikunapse ngati mbali ya ku Lunzu ndi Blantyre, ndipo vuto lake linali lomwelo, aliyense anamva kuti ku Thyolo kuli chinangwa. Anayamba kufika. Azimayi ndi ana kumsana, nkhalamba ndi ndodo, amuna atanyamula matumba opanda kanthu. Aliyense anali m'bale. Amayi anali ndi njira yawo yoyesera. Ankafunsa dzina la phiri la kwawo kwa Apwitikizi. Wolidziwa anali m'bale. Wosalidziwa ankamuuza, n'kumufunsanso. Mayi wonenepa wa pa mpopi uja naye anabwera, ataphwa, ndipo phirilo analidziwa ulendo wachiwiri.

Tinakumba mzere, tinakumba wina. Tinadya cha zaka ziwiri, tinadya cha chaka chatha, tinayamba cha zala za mwana chija. Mitengo tinkabwezera, koma m'dothi louma inkangouma. Phoso la abambo linachepa mpaka linkabwera m'chipewa. Tsiku lina abambo anaima pa chulu, anayang'ana uku, anayang'ana uko, anati, "Amake ana, mundawu mukuudya."

Amayi anati, "Nanga munda amatani nawo?"

Komabe anasiya mizere itatu ya kumunsi, pafupi ndi khwawa, pamene panali kachinyezi. Chinangwa chake chinali chitayamba kunenepa, masamba ali obiriwira. Anati ichi palibe wokhudza, ichi ndi chogwirira munda, chikatha ichi tatha. Abale anapempha, anawakaniza. Abambo anayang'anako, anawakaniza ndi diso lokha.

Akapitawo nawonso anabwera, mimba ija itapita, kabudula atamumanga ndi luzi. Sanafunse ngati tatha. Anakhala pansi, anakamba za dzuwa, anakambanso za dzuwa, kenaka anati, "Achemwali, phata limodzi lokha. Ana kunyumba."

"Achimwene, mukudziwa inu nomwe. Chimenecho ndi cha mzungu wanu. Mukadya lero, mudzazula chiyani?"

Akapitawo anagwedeza mutu, anati mwanena zoona. Ananyamuka. Amayi anawapatsa chigwada, masamba a chinangwa chomwecho, chodzaza manja awiri, ndipo anawayang'ana mpaka anakalowa m'komboni.

Ine nthawi imeneyo ndinali woyembekezera. Ndinabereka mwana wamkazi njala ili pachimake. Kamwana kanali ngati mbewa, kankalira mopanda mawu. Kankayamwa, kankayamwa, m'mawere mulibe kanthu. Ine ndemwe ndikaimirira dziko linkazungulira.

M'mawa wina amayi anandibweretsera chinangwa chophika, choyera, chofewa. Mawa lake chinabweranso. Mkuja wake chinabweranso, china chosinja cha phala. Anati apeza kwa anthu. Ndinasuzumira kumunsi, mizere itatu ija ili chiimire, masamba akugwedezeka ndi mphepo. Ndinayang'ana zala za amayi, zikhadabo zitang'ambika, dothi lofiira lili m'kati. Ndinadya. Sindinafunse. Mkaka unabwera, kamwana kanayamba kulira mokweza mpaka a m'komboni anadandaula. Ine ndinati lira mwanawe, lira, auze, auze kuti ulipo.

Zimene ankachita amayi ndi izi. Ankapita kutangocha, opanda khasu. Ankafukula ndi zala m'mbali mwa phata, ankathyola chinangwa pansi pomwepo, mtengo osaugwedeza, n'kubwezera dothi, n'kupondaponda ndi chidendene. Pamwamba munda, pansi palibe. Phata ndi phata, phata ndi phata, mpaka mizere yonse itatu. Maganizo awo anali akuti mvula ikabwerera mitengoyo idzaikanso chinangwa pansi, ndipo pomabwera mzungu padzakhala tizala toonetsa.

Akapitawo sanawauze. Akanawauza bwanji? Munthu unamukaniza phata limodzi ana ake akulira, ndiye upite ukamuuze kuti mizere itatu wadyetsa mwana wako? Kangapo amayi anamanga nsalu kuti apite ku komboni. Ankafika pa mpopi, ankamwa madzi, ankabwerera.

Mvula inabwerera. Mitengo ija inaphuka masamba atsopano, mizere inakongola kuposa kale lonse. Koma mzungu sanadikire miyezi yake. Anabwera msanga, ndipo anabwera ndi mnzake wa ku Limbe, wa chipewa choyera, mapepala a sitolo ali m'manja. A m'komboni anatuluka kudzaonerera, poti kunalibe chochita china chosafuna mphamvu. Ine ndinaima kumbuyo kwa amayi, mwana ali kumsana.

Mzungu wathu anati chaka chino ndiye mayi uyu watha, dziko lonse latha. Akapitawo anapita patsogolo. Ndinaona amayi akutsegula pakamwa. Ndinaona akutseka.

"Bwana," anatero akapitawo, ndipo anakweza mawu kuti wa ku Limbe uja amve, "amayiwa sanathe. Mizere iyi sanaikhudze. Ine ndemwe ndinapempha, anandimana. Ndinapita kunyumba ndi masamba. Onani nokha."

Sanadikire kuuzidwa. Anasankha mtengo waukulu kuposa yonse, wa pakati. Analavulira m'manja. Anatangadza miyendo. Anagwira pansi penipeni, anakoka mpweya, anasonkhanitsa mphamvu zonse zimene njala inawasiyira, mphamvu zokokera phata lolemera, n'kukoka, hii!

Mtengo unangotuluka, zuu, ngati nthenga ya nkhuku yoviika m'madzi otentha. Akapitawo anapita chagada, phii, miyendo m'mwamba, luzi la kabudula litaduka. Wezulo inawamenya pamphuno. Anagona pamenepo mtengo uli m'manja, kumunsi kwake kuli timizu tating'ono ngati ndevu za mbuzi.

Palibe anaseka. Kuseka kumafuna m'mimba muli kanthu.

Anadzuka, anagwira kabudula ndi dzanja limodzi, anazula wachiwiri ndi dzanja linalo. Unatuluka. Wachitatu anauzula ndi zala ziwiri. Anapita kumzere wina, anazula. Anapita kumzere wotsiriza, anazula. Wa ku Limbe anayang'ana wotchi. Mzungu wathu anatsegula buku lake lija, ndipo kunena zoona sanaoneke wokondwa kwenikweni. Anati, "Mayi, watha?"

Amayi sanagwade. Anati, "Ndatha."

Azungu atapita, akapitawo anatsala ataima ndi mtolo wa mitengo m'khwapa. Anayang'ana amayi. Kenaka anazungulira kumbuyo kwanga, anavundukula nsalu, anayang'ana mwana. Mwanayo masaya atadzaza, akuyamwa chala. Anamukanikiza tsaya ndi chala chadothi.

"Ndiye chili umu," anatero.

Amayi anati, "Chili mmenemo."

"Achemwali, mukanandiuza. Bwenzi lero nditadwala m'mimba, osabwera."

"Bwenzi atazula wina."

"Wina yemweyo. Bwenzi atagwa iyeyo."

Amayi analowa m'nyumba, anatuluka ndi luzi latsopano.

Mwezi usanathe njerwa zinali zitafika. Ife tinapatsidwa malo kumapiri, mbali ya ku Masambanjati, amene anzathu onse anawalumpha. Munda woimirira. Ndikati woimirira ndikunena zoona. Umalima mzere uwu, mzere wapamwamba uli pamphuno pako. Dzungu likakhwima limadzikolola lokha, umakalipeza ku mtsinje. Miyala ija ananena abambo tinaipeza yonse, palibe unasowa. Abambo sanatikumbutse ndi pakamwa. Akakumba mwala ankangouika bwinobwino panjira imene amayi adutse. Dothi linkathawa ndi mvula chaka ndi chaka, ndiye tinadzala nthochi kuti zigwire, zinagwira, ndipo nthochi zimenezo ndi zimene zandilera mpaka ukalamba uno.

Akapitawo ankakwera phirilo Loweruka, akutukwana mwala uliwonse, kudzadya kalongonda. Za phata limene anawamana sanazitchulenso. Amayi ndi amene ankawapakulira kawiri osafunsa.

Kumunsi kuja kunasanduka katauni. Sitolo, chigayo, atelala, okonza njinga, kamsika ka Loweruka. Amayi mayina amenewo sanawaphunzire. Akafuna kugayitsa ankati ndikupita ku nandolo. Nsalu ikang'ambika ankati kaisiye pa mbatata. Mwamuna wanga poyamba ankasokonezeka, kenaka anazolowera, ana athu onse anakula akudziwa kuti palafini amagula pa chinangwa.

Patapita zaka tinamva kuti thangata latha. Anthu anavina m'misewu, ine ndinavina mpaka nsalu inamasuka, ndinamanga, ndinavinanso. Ena ankati tsopano minda ibwerera kwa eni ake. Amayi, atakalamba, msana utapindika, anatenga khasu lawo n'kunena kuti tandiperekeza. Tinatsika atatu, iwo, ine ndi mwana wanga wa chaka cha njala uja. Tinafika pa sitolo. Amayi anakwera pakhonde, analowa, anakaima pakati, pamene panali mzere wachiwiri wa chinangwa chija. Anagogoda simenti ndi mpini, go, go, go. Anamvetsera. Mmwenye wa sitoloyo anafunsa kuti amayi mukufuna chiyani. Amayi anagogodanso kamodzi. Anati, "Mchere."

Pobwerera tinadzera pamene msewu unakhota. Sanauwongole, poti kamlatho kanali katamangidwa kale. Mpaka lero malole a tiyi akafika pamenepo amachepetsa liwiro, madalaivala amatukwana, amati amene anakonza msewu uwu anali ataledzera. Ine ndikakhala m'basi ndimangoti ee, pang'onopang'ono bambo, pang'onopang'ono, mukuzungulira munda wa amayi.

Tsikulo mwana wanga anali patsogolo pathu, wamtali kale, miyendo ngati mitengo ya bulugama, mchere uli pamutu, akukwera phiri ngati palibe phiri. Amayi anaima kuti apume, anatsamira khasu. Anamuloza ndi mlomo.

"Taona," anatero. "Mizere itatu ija ndi iyo, ikuyenda."

Ndinati, "Wakula amayi. Posachedwa abwera ofunsira."

Amayi anamuyang'ana mpaka anakazimirira m'nthochi.

"Akabwera," anatero, "uwauze kuti sichinakhwime."